Chiphunzitso cha Mizere: Mmene Mbiri Ziwiri za Dziko Limodzi Zingakhudzirane M'nkhani Yopeka

Nkhani zambiri zopeka zokamba za dziko lina lofanana ndi lathu zimagwera pa khomo. Mlembi amatsegula khomo la pakati pa maiko awiriwo m'mutu woyamba osaikapo malipiro aliwonse, ndiye pofika pakati pa buku aliyense akungolowa n'kutuluka ngati pachipata cha msika. Mayi akamwalira kuno, mwana angowolokera uko kukatenga mayi winayo. Wakuba akathamangitsidwa, walowa pakhomo paja, wapita. Zikatero imfa siopsanso, ngongole siopsanso, ndipo wowerenga amatseka buku poti palibe chomudetsa nkhawa.

Chiphunzitso cha Mizere ndi chopeka, ndipo ntchito yake ndi kuchiza matenda amenewo. Mapointi ndi malire amene mukumane nawo pansipa ndi ongopanga. Asintheni mmene mufunira, bola muwasinthe musanayambe kulemba, osati mpangankhani wanu atapanikizika kale. Koma za sayansi ndi za mbiri zimene chiphunzitsochi chatsamirapo ndi zenizeni.

Chithunzi chake ndi munda wa chimanga. Mzere uliwonse ndi mbiri yathunthu ya dziko, ndipo mizere yonse imalowera kumodzi, kuchoka ku dzulo kunka ku mawa. Pamene munda wayamba kutambalala, mlimi amayambitsa mzere watsopano kuchokera pa mzere umene ulipo kale. Pamenepo tipatche pa mphambano. Mzere uli ndi anansi awiri okha, wa kumanja ndi wa kumanzere. Malo amene chinthu chingadutsire kuchoka mzere wina kulowa wina ndi mpata. Lamulo limene likugwira zonse ndi limodzi: mizere iwiri imakhudzana pokhapo pamene idakali yofanana, ndipo kukhudzana kulikonse kumadya kufananako. Mpata umatha ngati sopo.

Zimene tabwereka ku fizikisi

Mu 1957 Hugh Everett III, wophunzira wa John Wheeler pa yunivesite ya Princeton ku America, anasindikiza ganizo loti pamene kanthu kakang'onong'ono ngati elekitironi kangathe kupezeka uku kapena uko, zonse ziwiri zimachitika, ndipo woyezayo naye amagawika, wina n'kukaona uku, wina uko. Bryce DeWitt ndiye analitchukitsa cha mu 1970 ndi dzina loti maiko ambiri. Alembi amakonda kutchula Everett koma amadumpha gawo losawakomera: m'masamu ake, maiko ogawikawo, amene timawatcha nthambi, akasiyana salankhulananso. H. Dieter Zeh anayamba kufotokoza chifukwa chake mu 1970. Kanthu kakagundana ndi mpweya kapena kuwala, kusiyana kwa nthambi ziwirizo kumadindika pa timaatomu tosawerengeka, ndipo kuti nthambizo zikhudzanenso pangafunike kuti tonseto tibwerere m'malo mwake. Ngakhale kafumbi kouluka m'chipinda kamataya mwayi umenewo m'kanthawi koti palibe wotchi ingakayeze.

Mu 1991 Joseph Polchinski anaonetsa kuti masamu a quantum, amene amafotokoza tinthu tating'onoting'ono ngati elekitironi, atakhotako pang'ono, monga anayesera Steven Weinberg mu 1989, nthambi zikhoza kutumizirana uthenga. Anaitcha foni ya Everett. Oyesa m'malabotale sanapeze kukhota kumeneko.

Chotithandiza kwambiri ndi pepala la mu 2014 la Michael Hall, Dirk-André Deckert ndi Howard Wiseman m'magazini ya Physical Review X. Iwo anati tiyerekeze kuti maiko alipodi ambiri, ndipo amene akufanana kwambiri amakankhana, pamene amene anasiyana kalekale samvana n'komwe. Ganizolo silinatsimikizidwe, ndiponso sililonjeza kuti munthu angawoloke. Ife tangotapako zinthu ziwiri: ofanana okha ndiwo amakhudzana, ndipo akakhudzana amatalikirana.

Mphambano, ndi liwiro limene zinthu zimasiyanirana

Chiyambi cha ntchito ndi kulemba chaka cha mphambano papepala. Tiike yathu mu 1965, Malawi atangolandira ufulu chaka chapitacho, likulu lili ku Zomba. M'mzere wathu likulu linasamukira ku Lilongwe mu 1975. M'mzere wa kumanzere ganizo losamutsalo linafera pa desiki.

Cholakwa chofala n'kuganiza kuti chasintha ndi likulu lokha, zina zonse zili chimodzimodzi. Zinthu zimasiyana pa liwiro losiyanasiyana, ndipo liwirolo ndi limene limasankha malo a mpata.

Choyamba kuthawa ndi nyengo. Mu 1961 Edward Lorenz wa ku yunivesite ya MIT ku America anabwereza masamu ake a nyengo pa kompyuta atalemba 0.506 m'malo mwa 0.506127, ndipo patapita kanthawi zotsatira zake zinali nyengo ina kotheratu. N'chifukwa chake olosera zanyengo satha kuona bwino kupyola masabata awiri. Choncho pakatha mwezi kuchokera pa mphambano, masiku a mvula asiyana padziko lonse. Dzinja lidzabwerabe cha mu Novembala, chiperoni chidzawombabe m'nyengo yozizira, koma namondwe Freddy wa mu Malichi 2023 sangakhale m'mizere yonse iwiri. Uko kunali anamondwe awoawo, m'zaka zina.

Achiwiri ndi ana, ndipo apa ndi pamene alembi ambiri amagwidwa. Pa mbewu za abambo mamiliyoni ambirimbiri zimene zimatuluka nthawi imodzi, imodzi yokha ndiyo imapanga mwana. Bambo akachedwa panjira mphindi imodzi chifukwa cha mvula imene sinagwe m'mzere winawo, mwana wobadwayo ndi wina, ngakhale makolo ndi omwewo ndipo dzina amupatsa lomwelo. Mimba imatenga masiku pafupifupi 266, ndiye pakatha chaka chimodzi kapena ziwiri palibenso khanda lofanana m'mizere iwiriyo. Mtsikana wobadwa mu 1995 sangakumane ndi iye mwini m'mzere umene unapatuka mu 1965. Angakumane ndi agogo ake, amene anabadwa mphambano isanafike, mwinanso amayi ake ngati anabadwa kale. Ngati nkhani yanu ikufuna kuti mtsikanayo ayang'anizane ndi nkhope yake yomwe, sendezani mphambano ifike iye atabadwa. Mukatero mwataya dziko losiyana kwambiri lija, chifukwa m'zaka 30 mzinda susinthiratu. Simungadye zonse ziwiri, ndipo kusankha kumeneku n'kumene kumakuuzani mtundu wa buku limene mukulemba.

Zinthu zikuluzikulu zimene zinali kale panjira zimachitikabe, koma mopendekera. John F. Kennedy analonjeza ulendo wa ku mwezi mu 1961, ndalama zinali zitatuluka kale, kotero n'zomveka kuti ukonso anafikako. Koma tsiku la 20 Julaye 1969, limene anthu anatsikira pa mwezi m'mzere wathu, musalikopere. Tu Youyou anabadwa mu 1930, ndiye ali m'mizere yonse iwiri, koma ntchito ya boma la China yofufuza mankhwala a malungo imene inatulutsa artemisinin inayamba mu 1967, mphambano itadutsa. Mwina uko anawapeza mochedwa, mwina sanawapeze, ndipo kapaketi ka LA, mankhwala ochokera ku artemisinin, kamene ife timakaona ngati chinthu wamba kangakhale chuma chachikulu kuposa golide.

Mayina ndiwo zokometsera. Ndalama ya kwacha inayamba mu 1971, kulowa m'malo mwa paundi. Dzina loti Chichewa linakhazikitsidwa ku Malawi mu 1968, kale ankati Chinyanja. Zonse ziwiri zinadza pambuyo pa 1965. Mlendo wanu angagwidwe pa mawu amodzi okha, atafunsa mtengo wa tomato m'makwacha.

Zochedwa kusintha ndi mlambe umene unali kale waukulu, matanthwe a Mulanje, ndi kayendedwe ka dzuwa ndi mwezi, kamene sikasintha ngakhale ndi sekondi.

Kuyeza kufanana kwa malo

Kufanana timakuyeza malo ndi malo, osati dziko lonse. Imani pamalo amene mukuwaganizira, muyang'ane mamita 10 mbali zonse, mugawe mapointi 100 motere: thanthwe ndi dothi 50, zomera 20, zomangidwa ndi njira za anthu 15, mpweya, madzi, kuwala ndi kutentha 10, zamoyo zoyenda 5. Pa gawo lililonse dzifunseni kuti ndi zingati zimene zili chimodzimodzi m'mizere yonse iwiri.

Yesani pa Capital Hill. Kuno pali maofesi a boma, dothi linakumbidwa, simenti inathiridwa. Uko ndi munda wa fodya kapena tchire. Dothi mwina 20, zomera 0, zomangidwa 0, mpweya 4, zamoyo 0. Zonse pamodzi 24. Yesaninso m'phanga la m'mapiri a ku Dedza: thanthwe 50, zomera 19 poti m'katimo mulibe zomera zambiri zoti n'kusiyana, zomangidwa 15 poti palibe anamangamo kanthu, mpweya 8, mileme ndi abuluzi 4. Zonse pamodzi 96.

Malire ake ndi awa. Kuyambira 90 kukwera, chamoyo chingawoloke. Kuyambira 70 mpaka kusafika 90, chimadutsa ndi chinthu chopanda moyo chosapitirira kilogalamu imodzi. Kuyambira 40 mpaka kusafika 70, phokoso lokha. Pansi pa 40 palibe chodutsa. Njere ndi zamoyo, choncho wofuna kutumiza mbewu afunika 90, ngakhale zili zodzaza chikhatho chabe.

Ubwino wa kayezedwe aka ndi woti kamayankha mafunso angapo nthawi imodzi. Bwanji mipata imakhala kutchire, osati pa depoti? Poti anthu ndiwo amasiyanitsa malo msanga. Nanga munthu atatulukira m'kati mwa khoma? Sizingachitike, chifukwa khoma limene lili mbali imodzi yokha latsitsa kale mapointi. Nanga miyezi yabwino yowolokera? Juni mpaka Sepitembala, mbandakucha mphepo isanayambe. M'dzinja kuno kungakhale mvula uko kuli dzuwa, mapointi 6 a mpweya n'kugwa, phanga la 94 n'kukhala la 88 munthu atanyamula kale chikwama.

Kachenjezo pang'ono: mapanga a Chongoni ku Dedza ali ndi malo 127 a zojambula zakale ndipo UNESCO inawaika m'kaundula wake mu 2006. Ena mwa malowo eni dera amawalemekeza pa miyambo yawo. Pekani phanga lanu m'mapiri omwewo, mulipatse dzina lanu, m'malo mosandutsa malo enieni kukhala siteji.

Kutsegula ndi kulipira

Mpata sutseguka wokha, apo ayi mbuzi zikanatha m'midzi. Umatseguka mbali zonse ziwiri zikachita chinthu chimodzi nthawi imodzi. Poti phokoso ndilo limadutsa mosavuta, chida chake ndi ng'oma. Woimba wa kuno amamva ya uko ngati ikuchokera kuseri kwa phiri, n'kuyamba kuitsatira, ndipo kugunda 12 motsatizana kukagwera pamodzi mpata umatseguka masekondi 5. Tanthauzo lake n'lakuti palibe amene angawoloke kapena kubwerera popanda womuimbira tsidya linalo. Wapaulendo wanu akakangana ndi womuimbira, wakangana ndi njira yobwerera kwawo. Anthu a m'nkhani akamva ng'oma yopanda mwini adzati ndi mizimu, ndipo asiyeni atero. Inu mlembi ndinu mudziwe chimene chikulira.

Tsopano malipiro. Dziko silingangotaya makilogalamu 62 a munthu n'kukhala chete. Mwa masamu a Einstein, bomba la ku Hiroshima linasandutsa kukhala mphamvu kulemera kosakwana galamu imodzi. Munthu wa makilogalamu 62 atangozimiririka n'kusanduka mphamvu, angafanane ndi mabomba oterowo opitirira 80,000. Choncho kuwoloka kulikonse ndi kusinthana: cholemera chimodzimodzi chimabwera kuchokera tsidya linalo panthawi yomweyo.

Odziwa amakonzekera. Wapaulendo amakwera pa sikelo ya chimanga atavala zonse, nsapato ndi chikwama chomwe. Akalemera 62, a tsidya linalo amaika pakati pa phanga thumba la mchenga la makilogalamu 50 ndi ndowa ya madzi okwana malita 12, poti lita imodzi ya madzi ndi kilogalamu imodzi, n'kuchotserako kulemera kwa ndowayo. Akatero oimba ng'oma amakhala kumbuyo kwa cholipiracho, kutali nacho.

Akapanda kukonzekera, mpata umadzitengera wokha, kuyamba ndi chosavuta kunyamula chimene chili pafupi: madzi, kenako dothi lotakasuka, kenako chamoyo, pomaliza mpweya. Thanthwe sulikhudza. Ukatenga dothi, makilogalamu 62 ndi malita pafupifupi 40, ndowa ziwiri za malita 20. Tsidya limene munthu wafikira pamatsala dzenje, kumene wachokera pamaoneka mulu wa dothi lopanda mapazi a woutula. Wapolisi wa m'nkhani yanu wapeza poyambira. Dothi likasowa, mpata umatenga mbuzi ziwiri zimene zili pafupi, kapena woimba ng'oma amene anasendera kwambiri. Pa thanthwe loyera popanda china chilichonse umatenga mpweya, ndipo mpweya ndi wopepuka: makilogalamu 1.2 pa bokosi la mita imodzi mbali zonse. Kuti ukwane 62 pafunika mabokosi oterowo pafupifupi 52, kuposa mpweya wonse wa m'chipinda cha mamita 4 m'litali, 4 m'lifupi ndi 3 kukwera. Wofikayo amatulukira pamalo opanda chopuma, mpweya wa kunja umathamangira m'katimo ndi mkokomo ngati bingu, makutu amaphulika, ndipo kumene wachokera anzake amagwetsedwa ndi mphepo yotuluka m'phanga. Ulendo woyamba, pamene palibe akudziwa lamuloli, ndi umene uyenera kupweteka munthu.

Pamwamba pa kusinthanako pali msonkho wa mapointi, chifukwa dzenje, mulu ndi mapazi zasiyanitsa malo. Usiku umodzi woimba ng'oma umadya gawo limodzi mwa magawo 10 a pointi. Kutsegula mpata kuti padutse kalata kapena kanthu kena kakang'ono kumadya theka la pointi. Munthu amadya 3. Pobwerera amadya 2 ngati mulu kapena thumba lija lasungidwa pamalo pomwepo osakhudzidwa, poti mpata umalibweza kwawo. Wina akalisesa, ndi 3.

Tiwerengere phanga la 96 lija. Mausiku 5 ophunzirana kaimbidwe atsitsa kufika 95 ndi theka. Kalata yopita, 95. Yankho lake, 94 ndi theka. Munthu wawoloka, 91 ndi theka. Wabwerera, 89 ndi theka, ndipo phangalo silinyamulanso munthu. Ulendo umodzi wopita ndi kubwera, basi. Tsono onjezani makalata 4 okha ulendo usanachitike, monga angachitire anthu amene ayamba kukondana: 92 ndi theka, awoloka, 89 ndi theka. Wapita osabwerera, ndipo chamutsekera ndi makalata ake omwe.

Wowerenga wochenjera adzafunsa za kamemori kadi ka m'foni, kosalemera ngakhale galamu koma konyamula mabuku masauzande. Kadutsa ndithu pa theka la pointi. Koma makadi a SD anayamba cha mu 1999, zaka 34 mphambano itadutsa, ndiye uko kulibe makina okawerenga. Makompyuta ali nawo, koma mabowo ake, mawaya ake ndi kasungidwe ka zolemba ndi zina. Chodalirika ndi pepala ndi inki, ndipo kilogalamu imodzi ya mapepala a A4 ndi mapepala pafupifupi 200.

Ola ndi limodzi

Mizere imayendera limodzi. Kuno likakhala Lachitatu 6 koloko m'mawa, ukonso ndi momwemo, ndipo mpata umatulukira pamalo omwewo. Chifukwa chake n'chakuti dziko limathamanga makilomita pafupifupi 30 pa sekondi pozungulira dzuwa. Mawotchi a mizere iwiri atasiyana sekondi imodzi, wapaulendo atulukira makilomita 30 kutali ndi phanga, m'mwamba kapena pansi pa nthaka. Atasiyana tsiku limodzi, ndi makilomita opitirira 2.5 miliyoni. Lamuloli likutsekanso njira yobwerera m'mbuyo kukakonza zakale, pamodzi ndi mutu wonse wa munthu wopha agogo ake asanabereke, umene katswiri wa fizikisi Igor Novikov ndi anzake analimbana nawo m'zaka za m'ma 1980. Kuwoloka mizere ndi kubwerera m'mbuyo ndi nkhani ziwiri, musaziphike mumphika umodzi.

Zimene zimamudikira wowoloka

Choopsa kwambiri si asilikali, ndi matenda. Ntchito yaikulu ya bungwe la WHO yothetsa nthomba inayamba mu 1967, wodwala womaliza wotenga matendawa mwachilengedwe, osati kuchokera m'labotale, anapezeka ku Somalia mu 1977, ndipo mu 1980 analengeza kuti nthomba yatha. Zonsezi ndi za pambuyo pa mphambano yathu. Ngati uko ntchitoyo inalephera, wachinyamata wa kuno amene sanalandirepo katemera wake akulowa m'mudzi wa nthomba alibe chomuteteza, ndipo adzabwerera nayo asanadziwe, poti imabisala m'thupi pafupifupi masabata awiri isanaoneke. Nayenso akuwatengera zake: Covid-19 ndi ya mzere wathu, ndipo chimfine chimene chimasintha chaka ndi chaka chayenda njira yakeyake kwa zaka makumi. Anthu anzeru a m'nkhani amamanga msasa pafupi ndi phanga, kunja kwa mamita 10 aja, n'kumusunga wofikayo masiku 21. Osapirira amadumpha zimenezi, ndipo mutu wotsatira ndi wa maliro.

Amene anabadwa mphambano isanafike ali ndi vuto lina. Zidindo za zala zimapangika mwana ali m'mimba, kotero iye ndi mnzake wa uko ali ndi zala zofanana. Akaika chala pa makina a boma, likutuluka ndi dzina lake lomwe, koma mkazi wina, ngongole zina, mwinanso chikalata choti anamwalira. Zosiyana ndi zipsera, mano ochotsedwa ndi zimene akukumbukira. Awiriwo akakumana palibe chophulika; ndi anthu awiri amene anayamwa bere limodzi ali munthu mmodzi, ndipo chimene chingawavute ndi funso loti munda wa amayi awo ndi wa yani.

Ndalama zake ndi mapepala chabe. K200 ya nkhope ya Rose Chibambo inatuluka mu 2012, ndipo uko ingamuike m'manja mwa apolisi ngati wopanga ndalama zachinyengo. Foni sigwira netiweki. Pulagi ya mano atatu yokha ingalowe pakhoma, poti inachokera ku Britain mphambano isanafike.

Timizere tating'ono, ndi mzere wachitatu

Chisankho chilichonse chikamabala mzere, mizere idzachuluka mpaka palibe umene uli ndi ntchito. Ndiye tiike lamulo: mphambano imene sinasiye chizindikiro chokhalitsa, monga imfa, mimba, moto kapena siginecha, imabwererana ndi mzere waukulu pasanathe masiku 14. Apa tikutsutsana ndi Lorenz poyera, amene anaonetsa kuti kusiyana kwakung'ono kumakula, ndipo tikuvomera. Chotsalira pa kubwererana ndi anthu awiri okumbukira chinthu chimodzi mosiyana. Alipo anthu amene amalimbikira kuti akukumbukira Nelson Mandela akufera m'ndende m'zaka za m'ma 1980, pamene anatuluka pa 11 Febuluwale 1990 n'kumwalira pa 5 Disembala 2013. Kunja kuno chifukwa chake ndi kusakumbukira bwino zinthu zakale basi, koma m'nkhani mukhoza kuchigwiritsa ntchito. Masiku 14 akadutsa, mizere sibwererananso. Popanda mpanda umenewu mudzakopeka kuphatikiza maiko m'mutu womaliza kuti akufa onse adzuke.

Wofuna kufika mzere wachitatu ayenera kudutsa wa pakati, apeze phanga lina, woimba wina, ndipo mphambano ya kumeneko ili ndi chaka chake. Ambiri mwa mabuku amakwana ndi mizere iwiri.

Kadamsana, ndi kaundula

Pali njira imodzi yokha yobwezera mapointi, nayonso ndi ya kanthawi. Pa kadamsana wa dzuwa wathunthu, mdima, kuzizira, kutha kwa mphepo ndi kukhala chete kwa mbalame zimachitika mofanana m'mizere yonse iwiri, sekondi yomweyo. Phanga lathu linali ndi 8 pa 10 za mpweya ndi 4 pa 5 za zamoyo, ndiye kadamsana angawonjezere 3 yokha, osapitirira. Wotsekeredwa pa 89 ndi theka uja wapeza 92 ndi theka kwa mphindi zochepa. Wa pa 86 sapulumuka.

Musauyitane kadamsana ngati mvula ya m'thumba. Malo amodzi amaona wathunthu pafupifupi kamodzi pa zaka 375, mdima wake sufika mphindi 8, ndipo masiku ake ndi njira zake zili m'matebulo a NASA amene wowerenga aliyense angawaone pa intaneti. Wa pa 21 Juni 2001 unadetsa Lusaka kwa mphindi zitatu ndi masekondi angapo, n'kudutsa kumpoto kwa Zimbabwe kulowa Mozambique. Dedza sinali m'njira ya mdima wathunthuwo. Mukafuna kuugwiritsa ntchito, phanga lisamukire m'njira imeneyo kuyambira tsamba loyamba, nkhani ichitike mu 2001, ndipo wina aziutchula kadamsanayo miyezi isanakwane. Oimba ng'oma akhale ataphunzirana mokwanira kuti kugunda 12 kugwere pamodzi mdima usanathe. Akaphonya kawiri, dzuwa latuluka.

Zonsezi sizingasungike m'mutu. Tengani kope, mulembe mizere ya kaundula isanu ndi umodzi: tsiku, malo, mapointi asanatsegule, chowoloka ndi kulemera kwake, cholipira, mapointi otsala. Lembanimo ngakhale usiku umene ng'oma inaimbidwa popanda chodutsa. Patsamba lina lembani chaka chobadwa cha mpangankhani aliyense pambali pa chaka cha mphambano, muike chizindikiro pa amene ali ndi mnzake tsidya linalo. Mukamaliza kulemba buku, werengani kaundulayo payekha kuyambira pamwamba. Mukapeza munthu wawoloka pa 89, mwina fufutani makalata awiri m'mitu yoyambirira, kapena musiyeni munthuyo kumene ali.